Gemu ya Magalimoto Ophwanyika: Kodi Yakale Ingayende pa Kompyuta Yokalamba?

Anzanga, inu amene mumabwereka foni za azichimwene anu Loweruka mwationapo timavidiyo ta magalimoto tija: lole ikutsetsereka phiri yopanda mabuleki, basi ikudumpha chidzenje n'kukatera chamutu, kagalimoto kofinyidwa pakati pa malole awiri mpaka kufanana ndi chitini chopondedwa ndi ng'ombe. Ena mumafika pokangana kuti ndi ngozi zenizeni. Si zenizeni ayi. Ambiri mwa mavidiyo amenewo amajambulidwa m'gemu ya pa kompyuta yotchedwa BeamNG.drive. Munthu akangodziwa zimenezi, funso lotsatira limakhala limodzi: nanga ifeyo tingaisewere? Pa foni, ayi. Pa makompyuta ambiri omwe amapezeka kuno, ya masiku ano siyenda. Koma mavezhoni ake akale, ena mwa iwo, amatheka. Msuweni wanga amene ali ku koleji amabwera ndi laputopu yakale pa holide, ndipo ndi pamenepo pomwe ndinaphunzirira zambiri zomwe ndalemba apa. Werengani mpaka pepala lomaliza musanawononge bandulo.

Ndiyambe ndi za foni, poti ndi pamene ambiri amabeledwa. Eni ake a gemuyi sanatulutsepo ya Android. Ndiye mukaona kapulogalamu kolembedwa dzina lake, kapena vidiyo ya munthu akulonjeza kuti “dinani apa muike pa foni yanu,” dziwani kuti ndi bodza. Mukachita mwayi mupeza kagemu kena kongobera dzina, kodzaza ndi zotsatsa malonda. Mukapanda mwayi mwaika vairasi m'foni ya eni, momwe muli nambala zawo ndi ndalama zawo. Pamenepo mlandu wake mukauyankha nokha kunyumba, ine mulibemo.

Kumene inachokera

Gemuyi imapangidwa ndi kampani yotchedwa BeamNG, ya mumzinda wa Bremen ku Germany. Koma muzu wake ndi wakale kuposa pamenepo. Mu 2005 munthu wa ku France, Pierre-Michel Ricordel, anayamba gemu ya malole yotchedwa Rigs of Rods, ndipo mu 2009 anaitsegula kuti aliyense wodziwa kulemba mapulogalamu athe kuisintha ndi kuigawa mwaulere. Ena mwa anthu amene ankathandiza pa Rigs of Rods, kuphatikizapo Thomas Fischer, anaganiza zoyambanso mwatsopano ndi maganizo omwewo koma owongoleredwa bwino. Mu 2012 anatulutsa vidiyo yoonetsa galimoto ikuphwanyika mwa njira yomwe anthu anali asanaionepo m'gemu. Mu Ogasiti 2013 anatulutsa kagemu kolawitsa kaulere, kokhala ndi pikapu imodzi ndi bwalo limodzi loyeserapo lotchedwa Gridmap. Mu Meyi 2015 gemuyi inayamba kugulitsidwa pa Steam, womwe ndi msika wa magemu wa pa intaneti. Kuchokera nthawi imeneyo yakhala ikukula chaka ndi chaka: magalimoto ochuluka, misewu ya ku Utah, ya ku West Coast USA, ya ku Italy, ndiponso magalimoto ena odziyendetsa okha mumsewu. Vezhoni iliyonse ili ndi nambala yake yoyamba ndi ziro, monga 0.4, 0.11, 0.23. Nambala ikamakula, gemunso imanenepa.

Magalimoto ake, mwa njira, si a makampani enieni. Mulibe Toyota kapena Nissan. Muli Gavril, Ibishu, Hirochi, ETK, mayina opeka okhaokha. Koma mukaona Ibishu Covet kapena Ibishu Pessima mudzazindikira msanga kuti akutengera timagalimoto ta ku Japan ta zaka za m'ma 1980 ndi 1990, tofanana ndi tina tomwe timanyamulabe anthu ndi matumba a chimanga kuno.

Chifukwa chake imalemera chonchi

Apa ndikhalitsapo, chifukwa mukamvetsa gawo lino zotsalazo n'zosavuta.

M'magemu ambiri a mpikisano, galimoto ndi chibokosi cholimba chimodzi. Ikagunda khoma, gemu imangosintha chithunzi: yachotsa bampala yabwino, yaika yopindika imene inajambulidwa kale. Mugunde kakhumi, kupindika kwake n'kumodzimodzi. BeamNG siichita zimenezo. Palibe amene anajambuliratu kuphwanyika kwake. Kumawerengedwa pomwepo, nthawi yomwe ngoziyo ikuchitika.

Tonse tinapangapo galimoto ya mawaya, kapena tinaonapo ang'ono athu akupanga. Ili ndi zinthu ziwiri: mawaya owongoka, ndi malo omwe mawayawo akumana n'kumangidwa ndi mphira kapena kawaya kopyapyala. Galimoto ya m'gemuyi ndi yotero ndithu. Malo okumanirana aja, tiwatche mfundo, ndi omwe ali ndi kulemera. Mfundo iliyonse ili ndi makilogalamu ake. Mawaya olumikiza mfundo ndi mfundo alibe kulemera, koma amachita ngati sipuling'i: ukaikoka imafuna kubwerera, ukaifinya imakankha. Pachingerezi waya woteroyo amamutcha beam, n'chifukwa chake dzina la gemu likuyamba choncho. Galimoto imodzi imakhala ndi mfundo mazanamazana ndi mawaya masauzande. Thupi lokongola lomwe timaliona pa sikirini ndi chovala chabe chovekedwa pa chigoba chimenechi. Chigoba chikapindika, chovala chimatsatira.

Waya aliyense anamulembera manambala ake m'mafayilo otchedwa JBeam, omwe mungathe kuwatsegula n'kuwerenga ngati kalata. Nambala ina imanena kulimba kwa sipuling'iyo. Ina imanena mmene kunjenjemera kwake kumazimirira. Ina imanena mphamvu yomwe ikapitirira, wayayo sabwereranso mmene analili. Yomaliza imanena pomwe amadukira. Tenganinso waya weniweni muone: mukamupinda pang'ono n'kumusiya amabwerera, mukamupinda kwambiri amakhala chopindika, mukapitiriza amathyoka. Magawo atatu omwewo. A Fizikisi mwazindikira kale kuti gawo loyambalo ndi lamulo la Robert Hooke, loti sipuling'i imatalika molingana ndi mphamvu yomwe yaikoka, bola usapyole malire ake.

Tsono kompyuta imachita izi: imayang'ana waya aliyense kuti watalika kapena wafupika bwanji, n'kupeza mphamvu yomwe akukoka kapena kukankha nayo. Imaphatikiza mphamvu zonse zofika pa mfundo iliyonse, n'kuwonjezerapo mphamvu yokokera pansi ndi kukhuzana kwa matayala ndi msewu. Kenako imagwiritsa ntchito lamulo lachiwiri la Isaac Newton, F = ma, kuti idziwe komwe mfundoyo isunthire. Ikatha imayambiranso. Imachita zimenezi ka 2,000 pa sekondi imodzi.

Ka 2,000, aise. Tiyerekeze kuti galimoto ili ndi mawaya 4,000. Ndiye kuti pa sekondi iliyonse pali masamu a mawaya okwana 8,000,000, pa galimoto imodzi yokha, tisanawerenge mfundo ndi matayala. Ife funso limodzi la F = ma limatitengera mphindi zitatu, chofufutira chili m'manja.

Mwina mufunsa kuti bwanji osangowerenga ka 60 pa sekondi, poti zithunzi za pa sikirini zimasintha pafupifupi kochuluka choncho? Tiyeni tiwerenge. Galimoto yothamanga makilomita 80 pa ola imayenda mamita pafupifupi 22 pa sekondi. Mukagawa ndi 60, ndiye kuti pakati pa kuwerenga kumodzi ndi kotsatira yadumpha masentimita 37. Mtengo wa magetsi ndi woonda kuposa pamenepo, ndiye mfundo ikhoza kukhala kuno kwa mtengo, kenako kutsidya, osaukhudza n'komwe. Mukagawa ndi 2,000, imayenda pang'ono kupitirira sentimita imodzi, ndipo kugunda kumagwidwa. Chifukwa china n'chakuti chitsulo ndi sipuling'i yolimba kwambiri. Mukachedwa kuiyang'ana, masamu amakokomeza: mfundo yakankhidwa mopyola, waya waibweza mopyola koposa, mpaka galimoto imangophulika yokha ili chiimire.

Ntchito yonseyi imagwera purosesa, ubongo wa kompyuta. Kujambula mitengo, mithunzi ndi kunyezimira kwa penti kumagwera khadi la zithunzi. Kusunga bwalo lonse ndi magalimoto pamene mukusewera kumagwera RAM. Gemuyi imafinya zitatu zonsezi nthawi imodzi, ndipo chimodzi chikafooka zonse zimatsimphina. Purosesa ikalephera kumaliza masamu pa nthawi yake, gemu siidumpha masamuwo. Imachedwetsa nthawi. Mumaona galimoto ikuyenda ngati ili m'madzi.

Ya masiku ano imafuna chiyani, yakale imafuna chiyani

Ya masiku ano eni ake amati pafunika RAM yosachepera 16 GB, Windows ya 64-bit, khadi la zithunzi lapadera, ndi malo oposa 40 GB pa hadi disiki. Makompyuta ambiri ogwiritsidwapo kale ntchito omwe amafika m'masukulu ndi m'timashopu tokopera nyimbo ali ndi 2 GB kapena 4 GB, ndipo zithunzi zimajambulidwa ndi kachipangizo ka Intel HD komwe kali mu purosesa momwemo. Kuika gemu yatsopano pa makina otero kuli ngati kumangirira ngolo ya ng'ombe pa mbuzi.

Mavezhoni akale anapangidwira makompyuta a nthawi yawo. Oyambirira ankagwiritsa ntchito DirectX 9, kenako gemu inasamukira ku DirectX 11. DirectX ndi chilankhulo chomwe gemu imalankhulira ndi khadi la zithunzi. Khadi lakale lomwe silimva DirectX 11 silingatsegule gemu yatsopano ngakhale mutapemphera, koma lingatsegule kagemu ka 2013 kaja. Mabwalo akale analinso aang'ono, zithunzi zake zosachulukitsa tsatanetsatane, ndipo munalibe magalimoto odziyendetsa odzaza msewu.

Komabe musamve ngati kuti chakale chilichonse n'chopepuka. Masamu a ka 2,000 aja analipo kuyambira pachiyambi, ndipo m'zaka zotsatira eni ake anakhala akukonza kuti aziwerengedwa mwachangu. Ndiye chomwe vezhoni yakale imakupeputsirani kwambiri ndi RAM, malo pa disiki ndi khadi la zithunzi. Ngati vuto lanu ndi purosesa yofooka, kubwerera m'mbuyo kungathandize pang'ono chabe. N'chifukwa chake muyenera kuyamba mwadziwa makina anu.

Kudziwa kwake n'kosavuta. Dinani batani la Windows pamodzi ndi R, lembani dxdiag, dinani Enter. Tsamba loyamba likuuzani dzina la purosesa, kuchuluka kwa RAM, ndi ngati Windows yanu ili ya 32-bit kapena 64-bit. Tsamba lolembedwa Display likuuzani dzina la khadi la zithunzi, ndipo pa mzere wa Feature Levels mudzaona ngati pali 11_0. Lembani zimenezi papepala. Mmene ine ndikuonera, ngati muli ndi 2 GB, musavutike ndi china chilichonse kupatula kagemu ka 2013 kapena Rigs of Rods. Ngati muli ndi 4 GB ndipo 11_0 ilipo, yesani mavezhoni a m'zaka zoyambirira pa Steam. Ngati muli ndi 8 GB, ndinu bwana, ndipo tikufuna tikudziweni.

Kupeza yakaleyo

Njira zake ndi zitatu, ndipo sizifanana mtengo.

Yoyamba ndi kagemu kolawitsa ka 2013. Kanatulutsidwa kaulere, ndiye kukhala nako si kuba. Muli pikapu imodzi ya Gavril ndi Gridmap basi, koma Gridmap ili ndi zitunda, makoma ndi zodumphira zokwanira kukutayitsani masana onse. Kamapezekabe m'malo ena osungira magemu akale pa intaneti. Chenjerani ndi masamba okhala ndi mabatani asanu olembedwa Download, onse obiriwira.

Yachiwiri ndi Rigs of Rods. Iyi ndi yaulere mpaka lero, ili ndi tsamba lakelake, ndipo imayenda pa makina ofooka kuposa omwe BeamNG imafuna. Mfundo ndi mawaya ndi zomwe zija. Maonekedwe ake ndi achikale, magalimoto ena amagwedera ngati phala lozizira, koma muli malole, makireni, mabwato ngakhale ndege. Kwa ambiri a ife, kunena zoona, njira yeniyeni ndi imeneyi.

Yachitatu ndi ya amene anagula gemu pa Steam, kapena ali ndi m'bale amene anagula. Mtengo wake ndi pafupifupi madola 25 a ku America, ndipo pafunika khadi la ku banki lolipirira pa intaneti, ndiye si nkhani ya ndalama ya mandasi. Steam imakupatsani vezhoni yatsopano nthawi zonse, koma imasunga zakale. Gemu iliyonse ili ndi nambala yake, ndipo ya BeamNG.drive ndi 284160. Mafayilo ake amakhala m'nkhokwe yotchedwa depot, yomwenso ili ndi nambala. Ndipo vezhoni iliyonse yomwe inatulukapo ili ndi nambala yaitali yotchedwa manifest, yomwe ili ngati kaundula wonena mafayilo omwe analimo tsiku limenelo. Tsamba la SteamDB limandandalika manambalawa pamodzi ndi masiku ake. Mukapeza tsiku lomwe mukufuna, mumatsegula malo olembera malamulo a Steam polemba steam://open/console m'kabokosi ka Windows ndi R kaja. Mmenemo mumalemba download_depot, kenako nambala ya gemu, ya depot, ndi ya manifest, motsatana choncho. Mukatero dikirani. Siionetsa kamzere kosonyeza pomwe yafika, imangonena ikamaliza, ndipo imakuuzani foda yomwe yaika mafayilowo. Palinso kapulogalamu kotchedwa DepotDownloader kogwira ntchito yomweyi. Njira zonse ziwirizi zimagwira pokhapokha akaunti yanu ili ndi gemuyo, ndipo pasiwedi ya akauntiyo musailembe pa tsamba lachilendo lililonse.

Pali kamsampha kena apa. Kuyambira pa 1 Januwale 2024, Steam inasiya kuthandiza Windows 7 ndi Windows 8. Ndiye kompyuta yakale yomwe ikufunika vezhoni yakale ikhoza kukhala yomweyo yomwe Steam ikuikana. Zikatero mafayilo amatsitsidwa pa kompyuta ina yatsopano n'kusamutsidwa pa flashi. Nkhani ya bandulo nayonso ili pomwepa: ngakhale vezhoni yakale ya pa Steam ndi magigabaiti angapo. Ndi netiweki yathu ino, yomwe timaisaka pachulu foni ili m'mwamba, musayese. Mupempheni wa kutauni atsitsire komwe kuli Wi-Fi.

Njira yachinayi ndikuidziwa kuti ilipo, ya magemu obedwa omwe amakopedwa m'maflashi. Sindiilemba. Kupatula kuti ndi kuba, mafayilo amenewo nthawi zambiri amabwera ndi alendo. Ndipo ngati kompyutayo ndi ya sukulu, momwe aphunzitsi amasungamo mayeso ndi malikisi athu, musaikemo kanthu kalikonse, ngakhale kaulere, musanapemphe. Kompyuta ikafa chifukwa cha gemu, chipindacho adzachikhoma ndi loko, ndipo a Fomu 1 a chaka chamawa adzaphunzira kompyuta pa bolodi.

Ikakana kutseguka

Gemu yakale pa Windows yatsopano imachita matama. Vuto lodziwika kwambiri ndi uthenga woti fayilo ina yothera ndi .dll ikusowa. Dzina lake likayamba ndi d3dx9, ndiye kuti mukusowa zidutswa za DirectX 9, zomwe Windows 10 siibwera nazo zonse. Mankhwala ake ndi phukusi la Microsoft la DirectX la Juni 2010. Dzina likayamba ndi msvcr kapena msvcp, mukusowa Visual C++ Redistributable, nayonso ya Microsoft. Tengani maphukusi athunthuwa kwa eni ake. Osatola kafayilo kamodzi ka .dll pa tsamba losadziwika n'kukaponya m'foda, chifukwa njira imeneyo ndi yomwe mavairasi amaikonda. Ngati ikukanabe, dinani fayilo ya gemuyo ndi batani lakumanja la mausi, pitani pa Properties, kenako Compatibility, muiuze kuti iyende ngati ili pa Windows 7.

Vuto lachiwiri ndi la amene ali ndi mavezhoni awiri pa kompyuta imodzi. Gemuyi imasunga zosankha zanu ndi mafayilo ake osakhalitsa m'foda ina yapadera, osati momwe muli gemu. Mavezhoni akale ankaika foda imeneyi mu Documents, atsopano amaiika mu AppData. Vezhoni yakale ikapeza zotsalira za vezhoni ina imasokonezeka: magalimoto amatuluka opanda penti, kapena gemu imangotseka yokha. Sinthani dzina la foda yakaleyo kuti gemu ipange yake yatsopano. Ndipo foda ya gemu yakale muisunge padera, kutali ndi pomwe Steam imaika yatsopano, kuopa kuti ingaikonze n'kuibwezera ku ya lero.

Lachitatu ndi mamodi, magalimoto ndi mabwalo opangidwa ndi osewera anzathu. Zambiri zodabwitsa zomwe mumaona m'timavidiyo tija ndi mamodi. Modi yopangidwira vezhoni ya chaka chino siyenda pa ya 2015, chifukwa kalembedwe ka injini, magiya ndi matayala m'mafayilo a JBeam kanasintha kangapo. Mukaikakamiza, mupeza galimoto yopanda mawilo kapena injini yosalira. Vezhoni yakale, modi ya nthawi yomweyo, apo ayi khalani opanda modi.

Ikatseguka, ichepetsereni katundu. Pa zosankha za zithunzi ikani chotsikitsitsa. Zimitsani mithunzi ndi kunyezimira. Chepetsani kukula kwa chithunzi kufika 1280 x 720, kapena kutsika kuposa apo ngati maso anu alola. Sankhani Gridmap, osati bwalo la nkhalango, poti mtengo uliwonse ndi ntchito kwa khadi la zithunzi. Chofunika koposa: galimoto imodzi. Gemuyi imagawira magalimoto ku mitima ya purosesa, ndiye purosesa ya mitima iwiri ikapatsidwa magalimoto anayi imagwada. Lole yokoka ngolo imalemeranso kuposa kagalimoto kakang'ono chifukwa mawaya ake ndi ochuluka. Tsekani mapulogalamu ena onse. Laputopu ikhale pa chaja ngati magetsi kapena sola zilola, chifukwa pa batire imadzichepetsera liwiro. Ndipo isakhale pa matiresi kapena pa mkeka wafumbi. Iikeni pa tebulo, kumbuyo kwake mutsamiritse pa buku kuti mpweya uzilowa. Ikatentha imachedwa dala kuti isapse.

Zoti muyese ikayenda

Mabatani ofunika ndi ochepa. Mivi ndi yoyendetsera, R imabwezeretsa galimoto kukhala yatsopano, C imasintha pomwe mukuonera, J imaimitsa nthawi. Alt pamodzi ndi mivi imachedwetsa kapena kufulumizitsa nthawi, ndipo batani limeneli ndi lomwe limasandutsa gemu kukhala labu.

Poyamba aliyense amangofuna kugwetsa galimoto kuphompho. Palibe cholakwika, gwetsani. Mukakhuta, yesani ichi. Gundani khoma pa makilomita 40 pa ola, imitsani, yang'anani mmene kutsogolo kwalowera. Dinani R, gundaninso khoma lomwelo pa 80. Liwiro mwaliwirikiza kawiri, koma kuwonongeka sikuli kawiri. Mphamvu ya chinthu choyenda ndi theka la kulemera kwake kuchulukitsa ndi liwiro, kuchulukitsanso ndi liwiro lomwelo. Galimoto ya makilogalamu 1,000 pa 40 ili ndi majulo pafupifupi 62,000. Pa 80 ili ndi pafupifupi 247,000. Kanayi. Mwa njira ina, kugunda khoma pa 40 kuli ngati kugwa kuchokera pamwamba pa mamita 6, pomwe pa 80 kuli ngati kugwa kuchokera pa mamita 25. Zimenezi tikhoza kuziloweza pokonzekera JCE n'kuziiwala, koma ukaona injini italowa pomwe pamakhala mawondo a dalaivala, nambala ija imakhala m'mutu. Ine chiyambireni kuyesa zimenezi, ndikakwera minibasi maso anga amathamangira pa muvi wa liwiro, ngati ukugwira ntchito n'komwe.

Chachiwiri, chedwetsani nthawi muone kutsogolo kwa galimoto kukukwinyika pang'onopang'ono pamene chipinda cha anthu chikuyesetsa kusunga maonekedwe ake. Ambiri kuno timati galimoto yabwino ndi yolimba ngati thirakitala, yosapindika, ndipo timanyoza zatsopano kuti ndi mapepala. Akatswiri anapeza zosiyana. Béla Barényi, injiniya wa Mercedes-Benz, ndi amene anabwera ndi nzeru yoti kutsogolo ndi kumbuyo kuzikhala kofewerapo dala, pakati pokha ndiye polimba, ndipo galimoto zoyamba zomangidwa motero zinatuluka mu 1959. Chitsulo chikamakwinyika chimamwa mphamvu ija, komanso chimatalikitsa nthawi yoimira. Kuima m'kanthawi kotalikirapo kumatanthauza mphamvu yochepa pa thupi la munthu, monga momwe kudumphira pa mchenga kumasiyanirana ndi kudumphira pa simenti. Chaka chomwecho cha 1959, Volvo inayamba kuika lamba wodutsa pachifuwa ndi m'chiuno, yemwe anapangidwa ndi Nils Bohlin. Ziwirizi zimayendera limodzi. Galimoto ikhoza kuima mofewa, koma munthu wosamanga lamba amapitiriza ulendo pa liwiro lomwe lija mpaka atakumana ndi galasi.

Chachitatu n'cha amene ali ndi vezhoni yokhala ndi magalimoto angapo. Tengani galimoto yaitali m'mwamba, monga vani, ndi ina yaifupi. Khotani mwadzidzidzi pa liwiro limodzimodzi, muone yomwe iyambe kunyamula mawilo. Mukatero ganizirani pikapu ya matola itasenza matumba mpaka kupyola denga, anthu atakhala pamwamba pa matumbawo. Muli galimoto ina ya mawilo atatu yotchedwa Ibishu Pigeon, imeneyo ndiye imagubuduka ngakhale mutangoiyang'ana moipa.

Gemuyi ili ndi malire ake. M'magalimoto ake mulibe anthu, ndiye siikuonetsani zomwe zimachitikira fupa kapena mutu. Mfundo mazana angapo sizingafanane ndendende ndi galimoto yeniyeni, ndipo m'mavezhoni akale matayala amaterera mosayembekezereka, zitsulo zina zimakolana n'kumanjenjemera. Wina asatuluke apa n'kumati waphunzira kuyendetsa galimoto pa kiyibodi. Koma pa funso loti liwiro limachita chiyani kwa chitsulo, ngakhale kapikapu ka 2013 kaja kamayankha bwino.

Amene muli ndi laputopu kunyumba, kapena m'bale wanu ali nayo, chitani dxdiag ija, mulembe purosesa, RAM ndi khadi la zithunzi pa kapepala, mundipeze ku Fomu 2 nthawi ya buleki tione vezhoni yomwe ingakukwaneni. Pakapezeka imodzi yoyenda bwino, tikapemphe aphunzitsi a Fizikisi kuti tichite za 40 ndi 80 zija kalasi yonse ikuona, rula ili pa sikirini.